Phazi la Nkhuku pa Mabuku a Amayi Anga

1

Mukadzafika kwathu, kuseri kwa Chamama, musadzavutike kufunsa dzina langa. Mudzangoti, "Kodi mnyamata uja anang'amba belo la fodya pamaliro a amayi ake amakhala pati?" Wa kabaza aliyense adzakutulani pakhomo penipeni. Ena amati sukulu inandizunguza mutu. Ena amati ndinavula amayi anga pagulu ali m'bokosi. Ine ndine Sankhani, ndipo ndalemba kuti mumveko mbali yanga. Kupepesa kokha musakuyembekezere.

Amayi anga, a Lusiya, anatisiya mwezi wa Meyi, m'mawa, nyengo yodinda fodya ili pakati. Ndinali nditasiya koleji chaka cham'mbuyo kuti ndidzawadwazike. Bambo anamwalira ndili wamng'ono, ndipo m'mimba mwa amayi ndinabadwamo ndekha. Akanawatungira madzi ndani? Anzanga ankayesa magauni ine ndikutsuka mabeseni. Sindidandaula. Zitabwereranso, ndikhoza kusiyanso.

Amayi anali a chigwirizano, gulu la amayi a kumpingo kwathu lovala bulauzi yoyera ndi duku loyera. Panalibe maliro m'dera lathu amene sanayimbepo. Kaya kukhale dzuwa loswa mtengo, kaya matope ofika m'mawondo, iwo anali patsogolo, nkhata ya maluwa m'manja. Matenda atakula anandiitana n'kundigwira mkono.

"Sankhani, za bokosi lodula usavutike nazo. Matabwa ndi matabwa. Koma yunifolomu yanga idzakhale pamwamba, anzanga andiyimbire mpaka kumanda. Ndayimbira ambiri, nane ndidzamveko."

Moyo wawo wonse anandipempha zinthu ziwiri zokha. Chimodzi ndi chimenechi. Chinacho ndikuuzani nthawi yake ikakwana.

2

Tsiku limene anamwaliralo, chakumasana, ndinapita kwa kalipentala pa Chamama kukaona za bokosi. Ndili komweko, amayi amene ankasambitsa thupi anafuna yunifolomu. Anaisaka pachingwe, anaisaka m'chikwama, osaipeza. Kenako anaona thiranki pansi pa bedi, lokhoma. Kiyi anali m'thumba mwanga. M'malo mondidikira, malume anga a Lameki, mlongo wawo wa amayi, anathyola loko ndi nkhwangwa.

Yunifolomu inali pamwamba, yosita kale. Akanangoitenga n'kutseka, bwenzi nkhani ino kulibe. Koma dzanja la munthu limayabwa.

Pansi pake panali mabuku. Timabuku ta makatuni tachingerezi, tochokera kunja, tina takale kuposa ine. Thiranki lonse tho. Amayi ankatisankha monga asankhira fodya: tabwinobwino patokha, tong'ambika patokha, tothimbirira pansi. Mtundu uliwonse ankauyala motsata manambala ake, n'kuwazamo zinyenyeswa za fodya kuti njenjete zisadye mapepala. Panali ta nkhani zoopsa ndi ta ngwazi zamphamvu zodabwitsa. Pachikuto china panali chigaza chikuseka. Pena akufa akutuluka m'manda, manja ali patsogolo. Pena mkazi wobisa nkhope akuuluka pamwamba pa nyumba zosanja.

Pobwerera, ndili chapatali, ndinadziwa kuti china chalakwika. Pamaliro pakakhala zii, dziwani kuti pagwa nkhani. Ndinapeza mabuku a amayi atawamwaza pabwalo, pafumbi, anthu atawazungulira ngati aona njoka.

"Iwe Sankhani, tafika kuno," anatero a Lameki. "Izi n'chiyani?"

"Ndi mabuku a amayi."

"Mabuku! Ine Baibulo ndimalidziwa, buku la nyimbo ndimalidziwa. Ili ndi buku lanji, munthu kumauluka popanda ndege?"

"Popanda ndi lichero lomwe," wina anatero kumbuyo. Ena anafuna kuseka koma anakumbukira kuti ali pamaliro.

Mayi wina analoza ndi chala chakuphazi chithunzi cha akufa aja. "Awa si ndondocha awa? N'chifukwa chake! Mayi wamasiye, wopanda ndi tenanti mmodzi yemwe, koma fodya wake chaka ndi chaka kumaposa wa amuna. Ife timadabwa kuti amamulimira ndani."

"Ankalima okha," ndinatero. "Inu muli m'bulangeti."

"Nanga malemu bambo ako anafa bwanji? Munthu wamphamvu zake, kungodwala pang'ono basi?" anatero mayi uja.

Zinatero. Mayi amene m'mawa womwewo ankamulira kuti anali mzati wa mpingo, masana anali atasanduka wopha mwamuna wake.

A Lameki anatola buku limodzi ndi zala ziwiri, n'kuliyang'anitsa kudzuwa. Anatolanso lina, ndi lina. Nkhope yawo inasintha.

"Taonani apa. Lililonse lili ndi chidindo."

Zinali zoona. Pachikuto cha buku lililonse, chapakati, panali pobonyoka, mizere itatu yokumana pamodzi ngati phazi la nkhuku.

"Chidindo cha satana," mayi uja ananong'ona mokweza kuti aliyense amve.

Ine ndinkadziwa kumene phazi la nkhukulo linachokera. Ndinaluma lilime.

3

Abusa athu amayang'anira mipingo ingapo, ndipo sabata imeneyo anali kumsonkhano kutali. Nkhani inagwera mkulu wa mpingo, a Moffat Mwale. A Mwale ndi munthu wamtali, wa mawu akulu, wovala jekete ngakhale mu Okutobala. Ndi mlimi wodziwika, ndipo ndiwo okha m'mudzi mwathu ali ndi jeke yodindira fodya kuti akhale mabelo. Tonse timadinda kwa iwo. Jekeyo siituluka m'chigafa mwawo, ndipo salola munthu wina kuipukusa, ngakhale mwana wawo Ronald.

Anafika, anaima, anayang'ana mabuku aja osawagwira. Thukuta linkatsika m'khosi mwawo.

"Abale," anatero, "mpingo sungayimbe pa zinthu zotere. Yunifolomu ibwezedwe. Mawa m'mawa mabukuwa aotchedwe aliyense akuona. Kenako achibale akaike m'bale wawo mwakachetechete."

Akazi awo, mayi Feliya, ndiwo anali wapampando wa chigwirizano, komanso mnzawo wa amayi wa ponda apa nane mpondepo. Analowa m'nyumba, anatuluka ndi yunifolomu atayipinda, anaiika m'chikwama mwawo. Sanayang'ane munthu.

Ndinayesa kulankhula ngati munthu wophunzira. Ndinawauza kuti ndi nthano zojambula basi, zolembedwa ndi anthu ofuna kudya ngati ife. Ndinawauza zimene ndinawerenga ku koleji, kuti ngakhale kwa azungu komweko, zaka za m'ma 1940 ndi 1950, makolo ena ankaunjika timabuku totere n'kutiotcha, amati tikuononga ana, koma lero adzukulu awo amatisakasaka n'kumatisunga ngati mazira. Ndinawauza kuti ndikanamaliza sukulu, ndinkafuna kulemba kafukufuku wanga pa thiranki lomweli.

"Ndiye zimene unapitira ku kolejizo?" anatero a Lameki. "N'chifukwa chake anakuthamangitsa."

"Sanandithamangitse, malume. Ndinabwera kudzadwazika mlongo wanu. Inu munabwera kangati?"

"Mukumumva? Mabukuwa ayamba kale kumugwira."

Ndikanawauza chiyani anthu amenewa? Kuti amayi analekeza Sitandade 5 koma zithunzi ankaziwerenga kuposa ine? Kuti mkazi wouluka uja anamupatsa dzina lakwathu, Nachisale, ndipo ankamukonda chifukwa masana anali telala wonyozeka, wosoka zigamba, koma anthu akavutika ndiye ankawalanditsa? Kuti nkhani zoopsazo iwo zinkangowaseketsa? Ankati, "Mzukwa wa papepala ukatseka buku watha. Woopsa ndi wogula fodya ku okushoni, amene amayang'ana thukuta lako la chaka chonse n'kupukusa mutu."

Ndinatola mabuku aja limodzilimodzi, kuwasasa fumbi, kuwabwezera m'thiranki. Palibe anandithandiza. Palibenso anandiletsa, chifukwa onse ankaopa kuwakhudza.

4

Dzuwa litapendeka ndinawatsatira a Mwale kuchigafa kwawo. Ndinawapeza okha, atakhala pa belo, jekete ili pamwendo. Fungo la fodya wouma linali lomwe lija ndinakula nalo.

"Mwana wanga, pepa ndi zovutazi."

"Pepani wanu ndamumva kale pabwalo paja."

Anawerama. "Khala pansi."

"Ndiima. A Mwale, inu mukudziwa kuti si za satana."

"Ndili ndi banja, Sankhani. Ndili ndi mpingo. Ronald akumanga ukwati mwezi wamawa m'tchalitchi chomwechi. Ukufuna ndiime pagulu ndinene chiyani?"

"Munene kuti ndi nthano za papepala. Basi. Inu akumverani."

"Akandifunsa kuti ndadziwa bwanji?"

"Ndiye chifukwa chake mukufuna ziotchedwe msanga?"

Ankangosisita chitsulo cha jeke ndi chala.

"Tiotche, zithe," anatero kenako, mawu ali pansi. "Mayi ako apita. Nyimbo sakuzimva."

Mpaka lero sindidziwa chimene chinagwira dzanja langa kuti lisawafike.

"Inu anakumvani zaka zonse zija," ndinatero.

Apo anadzuka. Maso awo anali ofiira, koma si misozi yokha imene ndinaonamo. Munalinso mantha, ndi kuchenjera kwa munthu wamantha.

"Unalumbira, Sankhani. Anandiuza okha kuti unalumbira."

Ndinatuluka osatsanzika. Munthu uyu anali atatenga chifundo cha amayi anga n'kuchisandutsa chishango chake.

5

Tsopano ndikuuzeni chachiwiri chija.

Amayi ndi a Mwale anakulira limodzi. Akuti a Mwale ali mnyamata ankafuna kuwakwatira, koma anapita kukagwira ukhukhi kwa mphunzitsi wina wachizungu ku Mtunthama, ndipo pobwerako anapeza amayi atakwatiwa ndi bambo anga. Kumeneko ndi kumene anaphunzira Chingerezi, ndi kumenenso anatola timabuku toyamba, timene bwana wawo anatitaya pobwerera kwawo.

Bambo atamwalira, amayi anapita okha kukadinda fodya, ine ndili pambuyo ndikulira njala. A Mwale anandipatsa kabuku kamodzi kuti nditonthole. Amayi anandilanda, anakayang'ana, n'kufunsa, "Apa akuti chiyani?"

Zinayambira pamenepo. Chaka chilichonse a Mwale akapita kukagulitsa fodya ku Lilongwe, ankayendayenda kwa ogulitsa mabuku akale m'mbali mwa msewu, kusaka manambala amene amayi analibe. Nthawi zina ankapeza, nthawi zina ankabwera ndi nkhani ina yatsopano yopanda mutu ndi mchira. Timabukuto tinkabwera tokwinyika, tina tonyowapo ndi mvula. Iwo ankatiika mu jeke, pansi pa thabwa, n'kutipanikiza mpaka tiwongoke ngati tatsopano. Thabwalo linasweka kalekale, ndipo analimanga ndi chitsulo chowotcherera cha nthambi zitatu. Phazi la nkhuku lija ndi limenelo.

Ife tinkapita kukadinda pomalizira, anthu onse atatha. Belo lomaliza likasokedwa, a Mwale ankavula jekete n'kuyamba kuwerenga, akumasulira m'Chichewa, akusintha mawu. Akafika pa mzukwa ankalira ngati fisi wachimfine. Akafika pa Nachisale ankapyapyalitsa mawu, amayi n'kumagwira nthiti. Ine ndinkakhala pa belo, miyendo ili lende. Chingerezi chimene chinandifikitsa ku koleji ndinachitola m'chigafa chimenecho.

Ndikudziwa funso limene lili m'mutu mwanu. Ayi, a Mwale si bambo anga. Mphuno yanga ndi ya malemu, aliyense akuuzani. Ngati panali zina pakati pawo, ine sindinazione. Chimene ndinaona ndi anthu awiri, buku lili pakati, mwana ali pa belo. Sindinawaonepo atagwirana ndi dzanja lomwe. Koma ndinamva mmene amayi ankasekera m'chigafa muja, ndipo kuseka kumeneko sindinakumve kwina kulikonse. Masiku ochepa pachaka. Chaka chonse chotsalacho ankatsegula thiranki okha, kumayang'ana zithunzi, kumakumbukira mawu.

Atatsala pang'ono kutisiya anati, "Za mabukuzi usadzamuyalutse. Ali ndi mkazi wabwino, mnzanga. Lumbira."

Ndinalumbira. Sankadziwa kuti zopempha zawo ziwirizo zidzaima maso ndi maso, china chitagwira khosi la chinzake. Kuti ayimbiridwe, ndinayenera kuwayalutsa a Mwale. Kuti ndisunge lumbiro, amayi anayenera kupita kumanda ngati mfiti.

6

M'mawa mwake a Lameki ndi anyamata awiri anakoka thiranki n'kulikhuthula pakati pa bwalo. Botolo la parafini linali pambali. Bokosi la amayi analitulutsa pakhonde, pamwamba pake popanda kanthu. Amayi a chigwirizano anabwera ndithu, koma m'zitenje wamba, n'kukhala patali pansi pa mtengo wa mango ngati alendo. A Mwale anaima kutsogolo, jekete itamangidwa mabatani onse.

Ndinawayang'ana. Ndinawapatsa mpata mpaka a Lameki atatsegula botolo. Iwo ankayang'ana nsapato zawo.

Ndinapita kuchigafa kwathu. Munali mabelo a amayi amene ndinakadinditsa sabata yathayo. Ndinagubuduzira limodzi pa wilibala n'kulikankha mpaka pakati pa anthu, mpeni uli m'dzanja.

"Wapenga iwe?" anakuwa a Lameki. "Belo losokasoka?"

Ndinadula ulusi. Chiguduli chinatseguka, fodya n'kufufuma. Pamwamba pake panali pepala la khaki lija timayala tisanasoke. Ndinalisolola, ndinatola buku limodzi pamulu paja, ndinazikweza zonse ziwiri.

"Malume, dzulo mwati ichi ndi chidindo cha satana. Tabwerani muone apa."

Anasendera monyinyirika. Papepala la khaki panali phazi la nkhuku lomwe lija, kukula kwake, kupendekeka kwake.

"Aliyense amene wadinda fodya chaka chino apite akang'ambe belo lake," ndinatero. "Ngati ndi cha satana, ndiye kuti mudzi wonse takhala tikugulitsa fodya wa satana, n'kumaperekanso chakhumi."

A Frazer, mkulu wa adzukulu okumba manda, anatenga pepala lija n'kuliyandikiza kumaso.

"Aaa! Ili ndi thabwa la jeke ili. Paja anawotcherera chitsulo litasweka." Anaseka pang'ono. "Koma nanga jeke ija sagwira munthu wina, kupatula..."

Anasiyira pomwepo. Mitu yonse inatembenuka.

Ndikanatha kulekera pamenepo n'kumadzinamiza kuti dzina sindinalitchule. Koma ndinayang'ana bokosi lopanda kanthu pamwamba lija, mtima unawira.

"A Mwale," ndinatero, "tatiwerengerani. Anthu amve ngati muli ufiti. Mawu a Nachisale mumawatha ndinu."

Ndinawatambasulira buku. Sanalilandire.

Manong'onong'o anayamba ngati mvula yobwera patali. "Ndiye kuti chinali chibwenzi?" "Mkulu wa mpingo!" "Ndi mnzake wa mkazi wake!" A Lameki anandigwira malaya pakhosi.

"Waona chimene wachita? Dzulo anali mfiti, lero wamusandutsa wolanda amuna a eni. Wamutukwanitsa kawiri mayi ako."

Mawu amenewo anandilasa, chifukwa munali choonadi. Ndinaima pamenepo mpeni uli m'dzanja, fodya wa amayi akumwazika ndi mphepo, ndikuona kuti mwina ndataya zonse ziwiri.

"Musiyeni mwanayo."

Anali mayi Feliya. Anadzuka pansi pa mango paja, anakonza chitenje, anayenda pang'onopang'ono mpaka pakati.

"Mukuyesa imeneyi ndi nkhani yatsopano kwa ine? Bambo awa akamachokera ku okushoni amabwera ndi majumbo awiri. Lina la shuga ndi chitenje, limenelo langa. Lina amalisomeka kudenga kwa chigafa. Kodi chigafacho amasesa ndani? Tsiku lina ndinapita kukaima kuseri, mtima uli m'mwamba, nditanyamula ndi munsi womwe. Ndinati lero ndithyola msana wa munthu. Ndinamva chiyani? Bambo wamkulu, wa ndevu zake, akulira ngati fisi, mwana akuseka, mayi wamasiye akuti, 'Bwerezaninso pamenepo.' Ndinabwerera ndi munsi wanga. Ndinati mnzangayu alibe china chomusangalatsa, n'chiyani kumumana nthano?"

Anagwira chikwama chawo n'kupitiriza.

"Dzulo ndinapinda yunifolomu iyi ndikudikira kuti bambo awa atsegule pakamwa. Nane ndinachita mantha, ndisaname. Ndinati ayambe ndiwo, ndi mutu wa banja, ndi mkulu wa mpingo. Kwacha, sanatsegule. Wachita kutsegula ndi mwana."

Anatembenukira amuna awo.

"Bambo a Ronald, za mabuku ndinakukhululukirani kalekale, musanapemphe n'komwe. Za dzulozi ayi."

Anatulutsa yunifolomu m'chikwama. Anayala bulauzi pabokosi, anaisalaza ndi dzanja, anaika duku pamwamba pake. Kenako anayang'ana anzawo pansi pa mango paja.

"Amayi, kavaleni. Maliro adikira."

Anathamanga amayi aja, ena mpaka kutaya masilipasi. Mayi wa ndondocha uja ndiye anabwerako woyamba, duku lili mopendekeka, ndipo kumanda ndiye analira kuposa onse. Anayimba njira yonse, fumbi lili kobo, mawu akumveka mpaka kutsidya kwa dambo. Ine sindinayimbe. Ndinkayenda pafupi ndi bokosi ndikunena chamumtima, mukumva amayi? Mukumva?

A Mwale anatsatira kumbuyo kwenikweni, okha.

7

Musaganize kuti zinatha ngati m'timabuku tija, ngwazi itapambana anthu akuwomba m'manja. A Mwale anawaimitsa paukulu wa mpingo. Tikakumana panjira amapatukira kumunda. Ronald anamanga ukwati wake, koma ine sanandiitane. A Lameki anauza abale onse kuti ndine mwana wosaleredwa. Pachitsime dzina la amayi likutafunidwabe, ndipo ena safuna kukhulupirira kuti mwamuna ndi mkazi angakhale m'chigafa n'kumangowerenga. Chaka chamawa sindikudziwa kumene ndikadinde fodya.

Mabuku ndinawasunga onse. Ndinagula loko watsopano. Ndinawayalanso monga ankachitira amayi, ndipo ndinapeza chimene ndinkachidziwa kale, kuti nkhani ya Nachisale inali yosatha. Nambala yomaliza inkasowa. Amayi anaidikira zaka zambiri. Buku la m'mbuyo mwake limathera pamene Nachisale wagwidwa, anthu a mumzinda amene ankawalanditsa amuvula chobisa nkhope, ndipo akukambirana zomuotcha. Amayi ankati, "Ndifa osadziwa ngati anapulumuka." Ndinkayesa nthabwala.

Mwezi wa Ogasiti, masana ena, ndikuzula mapesi a fodya kumunda, ndinaona mayi Feliya akubwera ndi kajumbo m'manja.

"Odi kuno, a Sankhani."

"Fikani, amayi."

Anakhala pamzere, anatambasula miyendo. "Ndimasesa kudenga kwa chigafa, ndapeza ichi. Akuti bambo a Ronald anachipeza chaka chatha, koma atamva kuti mayi ako adwalika anaopa kubwera nacho, anthu angawaone. Ndawauza kuti ndikupita nacho kwa eni ake. Sanayankhe."

Ndinatsegula kajumbo kaja. Inali nambala yomaliza ija. Yokwinyika, ngodya zopindika, yopanda phazi la nkhuku. Chaka chathunthu inali kudenga, mtunda woti munthu akhoza kuitana n'kumveka, amayi akufa akuifunsa.

Ndinalira pamenepo kuposa mmene ndinalirira kumanda. Mayi Feliya anandisiya ndilire. Nditatonthola anandigunda ndi chigongono.

"Basi tsopano. Tandiwerengera."

"Inuyo?"

"Nanga ndani? Zaka zonsezi ndinkangomvera kuseri kwa chigafa, mbali zina osazimva bwino. Ndimve nane chimene chinkamuseketsa mnzangayo. Koma uyambire poyambirira, usandidumphitse. Ndipo mawu a mzukwa uwachite bwino, ine ndikudziwa mmene amamvekera."

Amabwera Loweruka lililonse masana. Sabata yatha anabwera ndi anzawo awiri a chigwirizano, amati angowaperekeza. Sanachoke mpaka buku litatha. Nambala yomaliza ija sindinaitsegulebe. Tidzafika limodzi.

8

Inu owerenga, ndikudziwa kuti ena mwa inu mwandiweruza kale. Mukuti lumbiro kwa munthu wakufa silithyoledwa. Mukuti mwana sayalutsa mkulu pagulu. Mwina mukunena zoona. Tsiku limene ndidzakumane ndi amayi, ndikudziwa kuti adzandikoka khutu ndisanapereke ndi moni yemwe. Ndidzapirira. Ndidzawauza kuti, amayi, munandisenzetsa mitolo iwiri yoti munthu mmodzi sangainyamule, ndipo ndinatula umene unkateteza wamoyo wamantha, ndinasunga umene unali wanu.

Koma ndikufunseni inu. M'nyumba mwanu mulibe thiranki? Mayi anu, amene mumawadziwa ngati ophika, olima ndi opemphera basi, mukudziwa chimene chimawaseketsa akakhala okha? Afunseni akadali moyo. Mukadikira tsiku la maliro, adzatsegula ndi nkhwangwa anthu amene sanabwere kudzawaona akudwala, ndipo adzakuuzani okha kuti mayi anu anali ndani.

Ine anga ndinkawadziwa. Anali mlimi wa fodya, woyimba alito, wokonda nkhani za mizukwa ndi za mkazi wouluka. Anapita kumanda yunifolomu ili pamwamba, anzawo akuyimba. Belo lija ndinalisokanso ndekha. Amene akufuna ndipepese abwere Loweruka masana, adzapeza mpando.